Mwendo unadulidwa, nanga zala zake zikuwotcha bwanji?

Mayi wina watilembera kuti bambo awo anadulidwa mwendo wakumanzere m'munsi mwa bondo chifukwa cha matenda a shuga, koma usiku amadandaula kuti zala za mwendo womwewo zikuwotcha. Achibale ena akuti ndi ufiti, ena akuti mutu wasokonekera.

Mayi, mutu wa bambo anu uli bwinobwino. Anthu ambiri odulidwa chiwalo amachimvabe, ndipo oposa theka amamva ululu. Dokotala wa ku France, Ambroise Paré, analemba za zimenezi m'zaka za m'ma 1500.

Chiwalo chilichonse chili ndi malo ake mu ubongo. Mwendo ukachoka, malo akewo amatsala ndipo amagwirabe ntchito. Mitsempha yodulidwa ija nayonso sigona: nsonga zake zimaphuka, nthawi zina n'kupanga kachotupa kotchedwa neuroma, ndipo zimatumiza uthenga wosokonekera kudzera mumsana. Ubongo ukaulandira umati wachokera kuphazi, poti mtsemphawo unkachokera kumeneko.

Njira yotchipa yochepetsera ululuwu ndi ya galasi, imene katswiri wa za ubongo, V. S. Ramachandran, anayambitsa m'zaka za m'ma 1990. Bambo akhale pabedi atatambasula miyendo. Imikani galasi lalitali pakati pa miyendoyo, loyang'ana mwendo wabwinowo, wodulidwawo ubisike kuseri. Ayang'ane m'galasimo, osati mwendo weniweniwo, n'kumapinda zala ndi akakolo pang'onopang'ono, akuganiza kuti miyendo yonse ikuyenda limodzi. Achite mphindi 15 tsiku lililonse kwa masabata 4. Galasi likakhala laling'ono, kapena akamafulumira, ubongo sunyengeka. Ena sizimawathandiza, ndipo ululu ukakula kapena akamva chizungulire, asiye kaye.

Panado nthawi zambiri safika pa ululu wa mitsempha. Madokotala amayesa mankhwala otchedwa amitriptyline kapena gabapentin, koma musagule nokha: shuga amawononga impso, ndipo mlingo wa gabapentin umadalira mmene impsozo zikugwirira ntchito.

Musasokoneze ululu umenewu ndi wa pamalo podulidwapo. Pakafiira, kutentha, kutupa kapena kutuluka mafinya, pitani nawo kuchipatala tsiku lomwelo. Ngozi ina ndi ya usiku: munthu amadzuka ali ndi tulo, n'kuponda ndi phazi lomwe kulibe, n'kugwa. Ndodo zawo zizikhala pafupi ndi bedi, tochi pamtsamiro.