Kusiyana kwa mawu a abstract ndi a concrete m'phunziro la Chingerezi

Ndalandira imelo kuchokera kwa wophunzira wa Fomu 4 amene akukonzekera mayeso a MSCE. Iye akuti aphunzitsi ake amamulembera kawirikawiri m'mphepete mwa chimangirizo kuti mawu ake ndi abstract kwambiri, choncho akufuna kudziwa tanthauzo lake, kusiyana kwake ndi concrete, komanso ngati zimenezi zikukhudzana ndi imagery, simile ndi metaphor zomwe amaloweza m'kalasi.

Zikomo kwambiri pofunsa, ndipo mtima ukhale m'malo, chifukwa nkhaniyi munaiphunzira kale m'malamulo a Chichewa pamene munkasiyanitsa mayina a zinthu zokhudzika ndi mayina a zinthu zosakhudzika. Mawu a concrete amatchula chinthu chimene mungachione, kuchimva, kuchinunkhiza, kuchilawa kapena kuchigwira, monga mphika, mchere kapena kulira kwa khanda. Mawu a abstract amatchula ganizo kapena khalidwe limene simungaliike pachikhatho, ndipo m'chiyankhulo chathu ambiri amayamba ndi u-, monga ufulu, ulesi ndi umphawi, ngakhale kuti ufa ndi udzu n'zogwirika ndithu. Mawu awiriwa anachokera ku Chilatini, ndipo concrete ndi liwu lomwelo limene linatipatsa konkire wa amisiri omanga nyumba, chinthu chouma gwa chimene mungachiponde.

Tiyerekeze kuti mwalemba kuti banja lina linali pa umphawi wadzaoneni. Chiganizocho n'choona, koma wowerenga sanaone kanthu. Mukalemba kuti mayi anakanda mphika wa dzulo n'kugawira ana atatu mkute wozizira, ndipo wamkulu ananyamuka kupita kusukulu atalongedza makope ake m'pepala la shuga, liwu loti umphawi simunalitchule n'komwe, komatu wowerenga waumva mpaka m'mimba. Izi n'zimene aphunzitsi anu akufuna.

Mlembi wa ku Britain, George Orwell, anaonetsa bwino zimenezi m'nkhani yake ya mu 1946 yonena za ndale ndi chiyankhulo cha Chingerezi. Anatenga Mlaliki 9:11, ndime ija yonena kuti aliwiro si amene amapambana mpikisano nthawi zonse, amphamvu si amene amapambana nkhondo, ndipo anzeru si amene amapeza chakudya, n'kuilembanso m'Chingerezi cha m'maofesi. Mpikisano, nkhondo ndi chakudya zonse zinasungunuka n'kusanduka mawu onena za kupambana kapena kulephera pa zochitika zopikisana. Malinga ndi kuwerengera kwake, ndime ya m'Baibulo inali ndi mawu 49 a maphatikizo 60 okha, pamene yakeyo inali ndi mawu 38 a maphatikizo 90, ndipo munalibe chithunzi ngakhale chimodzi.

Mawu ena aja amene mumaloweza ndi njira zosiyanasiyana zovekera ganizo losaoneka thupi looneka. Imagery ndi kugwiritsa ntchito mawu okhudza maso, makutu, mphuno, lilime ndi khungu kuti m'mutu mwa wowerenga mupangike chithunzithunzi. Simile ndi chifanifani, ndipo imadziwika ndi like kapena as, monga ife timanenera kuti ngati. Metaphor imachotsa ngati uja n'kunena kuti chinthu ichi ndi chinthu icho. Personification imapatsa chinthu makhalidwe a munthu, monga tikamati njala yalowa m'mudzi, pamene symbol ndi chinthu chooneka choimira ganizo, monga nkhunda yoimira mtendere. Makolo athu luso limeneli anali nalo kalekale, pakuti pofuna kuphunzitsa mgwirizano anangoti chala chimodzi sichiswa nsabwe, ndipo aliyense amaziona zala ziwirizo zikukumana.

Komabe sindikugwirizana ndi amene amanena kuti mawu a abstract ndi oipa. Theme, kutanthauza mfundo yaikulu ya ndakatulo kapena sewero, imakhala abstract nthawi zonse: nsanje, chinyengo, chikondi, imfa. Choncho mukafunsidwa pamayeso kuti mufotokoze theme ya umbombo, yambani ndi liwu loti greed, kenaka musonyeze zimene mtengambaliyo anachita, chinthu chimene analanda ndiponso munthu amene anamulanda. Pachimangirizo chimene aphunzitsi anakubwezerani, dulani mzere kunsi kwa liwu lililonse lothera ndi -ness, -tion kapena -ity, ndipo pambali pake mulembe chinthu chimodzi chimene munthu akanachiona ndi maso akanakhala pamalopo.