Kachikwama ka m'chiuno: ndikavale bwanji kuti ndioneke wotchena?

Ndalandira imelo kuchokera kwa mmodzi mwa owerenga athu, mtsikana wa ku Zomba amene wangoyamba kumene ntchito ya mu ofesi. Akuti akulu ake omwe ali ku Johannesburg anamutumizira kachikwama ka m'chiuno, kakuda, kachikopa. Tsiku loyamba kukavala, anzake anamufunsa ngati wayamba ukondakitala wa minibasi, ndipo kuyambira pomwepo kachikwamako kali mu sutikesi. Funso lake ndi ili: "Kodi kamavalidwa bwanji kuti munthu aoneke wotchena? Nanga ndingakavale ndi diresi ya chitenje, kapena ku ukwati?"

Achemwali, katulutseni mu sutikesimo.

Ndiyambe ndi mawu a anzanuwo, chifukwa ndi amene akubayani. Makondakitala, maejenti a Airtel Money ndi Mpamba, ngakhale amayi ogulitsa tomato mumsika wa Limbe amavala kachikwama aka pa chifukwa chomveka: manja onse awiri amakhala akugwira ntchito, ndalama zili pamimba pamene maso akuziona. Imeneyi ndi nzeru, ndipo palibe chochititsa manyazi kufanana ndi munthu amene akusaka chakudya cha ana ake. Nzeruyi ndi yakalekale. Mtembo wa munthu wotchedwa Ötzi, umene unapezeka mu chipale m'mapiri a Alps mu 1991, unali ndi kathumba kosokerera pa lamba, momwe munali tizida ta mwala ndi zokolezera moto. Munthuyo anakhala ndi moyo zaka zoposa 5,000 zapitazo. M'zaka za m'ma 1980 tizikwamati tinkadziwika ndi alendo okaona malo ku Ulaya ndi ku America, kenako anthu anatinyoza kwa nthawi, mpaka makampani a zovala zodula ngati Gucci anatibwezeretsa pa msika cha m'ma 2017.

Tsono chimene chimasiyanitsa kavalidwe kantchito ndi kotchena ndi zinthu ziwiri basi: mwaikamo zochuluka bwanji, ndipo kakhala pati pa thupi lanu.

Kachikwama ka kondakitala kamakhala kotupa ndi makobidi, lamba wake wolekerera, kakulendewera mmunsi mwa mimba. Kanu kasatupe. Foni, makiyi, chiphaso cha unzika, khadi ya kubanki, lipisitiki ndi ndalama zochepa, zakwana. Mukaona zipi ikulimba potseka, chotsanimo china. Tchaja, botolo la mafuta ndi kabuku zili ndi malo ake mu chikwama chachikulu. Chikopa chikatambasuka chifukwa chopakira, sichibwereranso, ndipo kachikwama kabwino kamangosanduka kathumba kopanda maonekedwe.

Kwa inu amene mukuyamba kumene, ndikulangizani kuti muyambe ndi kukavala pachifuwa. Lamba adutse paphewa limodzi, azungulire kumsana, kachikwama kakhale kutsogolo mopendekeka pang'ono. Fupikitsani lambayo mpaka kachikwamako kagwire thupi, kasamagundegunde mukamayenda. Ndi jinzi, tisheti yoyera ndi nsapato zofewa zoyendera, palibe angakufunseni za minibasi. Ngati muli ndi chifuwa chachikulu, katsitseni pang'ono kakhale pa nthiti, chakumbali, kunsi kwa bere, kuti lamba asagawe chifuwa pakati. Imani pa galasi, mukweze manja ngati mukupachika zovala pa chingwe. Kakakwera mpaka kukhosi, lamba wafupika kwambiri.

Tibwere ku chitenje, kumene ndikuona kuti ambiri amasokonezeka. Ngati diresi yanu ndi yotaya, yopanda lamba wake, kachikwamaka kangagwire ntchito ya lamba. Kamangeni pamene chiuno chili chochepa kwambiri, pamwamba pang'ono pa mchombo, ndipo kachikwamako mukasunthire chakumbali, pafupi ndi fupa la chiuno. Diresi imayamba kuonetsa thupi bwino, nsalu ikugwa mofewa kuchokera pa lambapo. Chitenje chimakhala ndi mitundu yakeyake yowala, choncho kachikwama kakhale ka mtundu umodzi wodekha. Kakuda kanuko ndi koyenera kwambiri, kabulawuni nakonso kamagwirizana ndi zitenje zambiri. Ena amapempha telala awasokere kachikwama kuchokera ku zidutswa zotsala za diresi yomweyo. Ine sindikonda, chifukwa kachikwama kamasowa mu diresimo n'kungooneka ngati chotupa pamimba. Kotero ka chitenje kavaleni pa diresi yakuda kapena yoyera, kamaoneka bwino zedi.

Pali zovala ziwiri zimene sizifuna china chilichonse m'chiuno. Choyamba ndi bulauzi zija atelala amazisokera nsalu yotambalala kuzungulira chiuno. Lamba amaifinya nsaluyo, ntchito yonse ya telala n'kuwonongeka. Chachiwiri ndi chitenje chomanga, poti mfundo yake yatenga kale malo. Pamenepo kwezani kachikwama kapite pachifuwa.

Ku ukwati ndi ku chinkhoswe ndiye ndikukulimbikitsani ndi mtima wonse. Nthawi ya perekaniperekani ikakwana, onani mmene amayi amavutikira: chikwama chachikulu chapanidwa kukhwapa, dzanja lina lagwira ndalama, foni yasiyidwa pampando osadziwa kuti akaipezanso. Inu mwasinthitsa kale ndalama, ma K100 ndi ma K200 mwawasanja bwino mu kachikwama, ma K5,000 ali m'kathumba ka mkati. Mukuvina momasuka, mukusolola imodziimodzi n'kumaponya. Chofunika n'chakuti kakhale kakang'ono, kachikopa, ka lamba wopyapyala. Tija tanayiloni ta mayina akuluakulu a zamasewera tisiyeni kuti tikagwire ntchito ku bwalo la mpira kapena pokwera Mulanje.

Za ku ofesi sindichulukitsa. Pamwamba pa jekete yomanga mabatani kamakhala bwino ngati lamba, koma ngati kuntchito kwanu amafuna kavalidwe kaulemu kwambiri, kavaleni panjira, mukafika mukaike mu dilowa. Ku maliro kabiseni mkati mwa juzi kapena nsalu yofunda. Kamathandiza kusunga foni ndi chipepeso mukamagona pa siwa, ndipo maliro si malo oonetsera zovala.

Pali kavalidwe kamodzi kamene mumakaona pa Instagram, kachikwama kali kumsana kapena kumbuyo kwa chiuno. Pa chithunzi kamakongola, koma chonde musayese m'madepoti ndi m'misika yodzaza anthu. Zipi imatseguka inu osamva kanthu. Samalaninso ndi chomangira cha pulasitiki chija chongodina, chifukwa zala ziwiri zokha zimachimasula. Chizunguzeni chibwere kutsogolo pafupi ndi kachikwamako, kapena chibisike mkati mwa jekete. Pa kabaza wa njinga yamoto, pachifuwa ndi pamene kamakhala motetezeka.

Popeza kanuko ndi kachikopa, kasamaleni ku thukuta la mu Okutobala ndi mvula ikayamba. Kakanyowa, kapukuteni ndi kansalu kouma, kaume pamthunzi, osati padzuwa kapena pafupi ndi mbaula, chifukwa chikopa chimauma n'kuyamba kung'aluka. Popaka, gwiritsani ntchito polishi wopanda mtundu. Wakuda uja wa nsapato adzakusiyirani mzere pa bulauzi yoyera, ndipo amavuta kwambiri kuchapa.

Kwa owerenga ena amene mukufuna kukagula pa kaunjika, tsegulani ndi kutseka zipi kangapo musanapereke ndalama, kenako mukoke lamba pamene walumikizana ndi kachikwama muone ngati ulusi uli wolimba, poti ndi pamene kamayambira kuthothoka. Yesaninso kuvala pomwepo, pachifuwa ndi m'chiuno momwe. Malamba ena ndi aafupi moti safika kuzungulira phewa ndi msana, ndipo kufupikitsa lamba n'kosavuta kusiyana ndi kumuwonjezera.