Wakuda, woyera, mkaladi: mafunso anu pa mawu a khungu ndi mabuku oti muwerenge

Sabata ino mafunso ambiri abwera pa nkhani ya khungu ndiye ndangotola angapo amene akuyendera limodzi. Ena ndawafupikitsa koma mfundo yake sindinaisinthe.

Oyamba ndi aphunzitsi ena a kusekondale, akuti: "Ndikufuna ndikambirane ndi ana a fomu 3 za colorism. Pa Chichewa timati chani? Ndikanena kuti tsankho iwo akumva za azungu ndi anthu akuda basi."

Aphunzitsi, anawo sakulakwitsa ayi. Tsankho ndi mawu otambalala kwambiri, muli tsankho la mitundu, la zigawo, la chipembedzo, ndipo mukangowonjezera kuti la khungu aliyense maganizo amathamangira ku South Africa nthawi ya apartheid. Pamene chimene mukufuna kunena inucho chimachitika pakati pathu tokhatokha, m'nyumba imodzi, ana a mimba imodzi. Mawu a Chingerezi aja amene anawatchukitsa ndi mlembi wa ku America Alice Walker m'nkhani yomwe analemba mu 1982, ndipo ankanena ndendende za anthu a mtundu umodzi kukondana kapena kusalana potengera kuti uyu ngowala, uyu ngoderapo. Mawu amodzi okhazikika ife tilibe. Ine ndikamayankhula ndimati kukondera khungu lowala, ndipo ndikafuna kutsindika mbali ya wopwetekedwayo ndimati kusalana khungu pakati pa akuda okhaokha. Kukondera ndimaukonda chifukwa mwana aliyense amaudziwa, anauonapo pogawa ndiwo, ndiye mukamuuza kuti agogo ena amakondera mdzukulu woyererako samavutika kumva. Afunseni anawo ngati anaonapo azimayi atazungulira khanda longotuluka m'chikuta nkumaliyang'ana nsonga za makutu ndi zala kuti aone ngati lidzade, wina nkunena kuti "aaa uyu adzada ngati bambo ake" ndi mawu okhala ngati akupepesa. Akati eya, phunziro lanu layamba kale.

Koma ndikufuna ndikhalitse pang'ono apa chifukwa vuto lenileni lili mu aneni awiri, kuyera ndi kuda. Taonani ntchito imene kuyera amagwira. Ufa woyera. Mbale zayera, kutanthauza zatsukidwa bwino. Kukhosi kwayera, ndakhutira ndilibe chifukwa ndi munthu. Mzimu Woyera, oyera mtima, mpaka Baibulo lomwe linatuluka mu 1998 dzina lake ndi Buku Loyera, pamene lakale lija la 1922 anasankha mawu ena akuti Lopatulika. Kenako mawu omwewo timati mtsikana woyera. Tsono bwerani kwa kuda. Kunja kwada, malaya ada kachapeni, madzi akuda osamwa, kuda nkhawa, kuda mtima, ndiye palinso kuda kwa chidani kuja komwe ndi mneni wina koma polemba ndi chimodzimodzi. Kenako timati mwana wakuda. Mwana wa zaka zisanu amene m'mawa wauzidwa kuti "wada iwe kasambe" ndipo masana wauzidwa kuti "iwe ndiwe wakuda, mchemwali wako ndi woyera" mukuganiza kuti mumutu mwake zinthu ziwirizi amazilekanitsa bwanji? Ine zimandipweteka kwambiri chifukwa ndinaphunzira ndi mtsikana wina ku pulayimale amene ankakhula nkhope ndi mwala wotsukira mapazi mpaka kutupa, ati ayere, ndipo tonse m'kalasi tinkamuitana kuti Makala osadziwa kuti tikupanga chani.

Sindikunena kuti tisiye mawu akuti wakuda, ayi ndithu. Ndife anthu akuda ndipo mawuwo ngathu. Chomwe ndimapempha nchakuti ponena za litsiro kwa mwana tizinena litsiro, "uli ndi litsiro kasambe", ndipo ponena za khungu lowala tizigwiritsa ntchito mawu ena omwe tili nawo kale, wowala, wofiirira, woyererako ngati zavuta. Agogo athu munthu wowala khungu ankangoti wofiira, ndipo wakuda bwino wosalala see ankati wobiriwira, mawu okoma zedi omwe achinyamata ambiri sawagwiritsanso ntchito pa munthu. Pa mafuta aja a m'masaluni ndi m'misika, akuti oyeretsa khungu, dzina lokhalo likunena kuti khungu lanu ndi lakuda ngati chovala chofunika sopo. Ine ndimati mafuta osulutsa khungu, chifukwa chimene mankhwala a m'mafutamo monga hydroquinone, mercury ndi ma steroid amachita nkusulutsa, ngati chitenje chosiyidwa padzuwa. Amaletsa thupi kupanga melanin yomwe imadetsa khungu, khungu limapyapyala, ena amatuluka zigamba zakuda bii m'masaya zosachokanso, ndipo mercury amawononga impso. South Africa inaletsa hydroquinone mu zodzoladzola mu 1990, Rwanda inayamba kulanda mafutawa m'mashopu mu 2018.

Funso lachiwiri ndi lalifupi, achimwene ena akuti: "Ndinauza mkazi wanga kuti ndiwe wakuda koma wokongola, wakwiya. Ndalakwa pati?"

Mwalakwa pa koma, achimwene. Koma wa pakati pa chiganizo amatsutsa zomwe zanenedwa kumbuyo, ngati nyumbayi ndi yaing'ono koma yabwino, ndiye mlamu wamva kuti kuda ndi chilema chomwe kukongola kwangochiphimba. Ndi wosiyana ndi koma wa kumayambiriro uja wodabwa, "koma ndiye mwakongola!", ameneyo alibe mlandu. Nkhani ya koma ameneyu ndi yakale kwambiri, pa Nyimbo ya Solomo 1:5 pamene mkazi akunena za kuda kwake, Chiheberi chili ndi kachilembo kamodzi komwe kamatha kutanthauza ndipo kapena koma. Omasulira m'Chigiriki anaika ndipo, a Chilatini anaika koma, ndipo mabaibulo ambiri anatsata koma uja kwa zaka mazanamazana. Pitani mukanene kuti ndiwe wakuda ndipo ndiwe wokongola, kapena kungoti ndiwe wokongola basi.

Lachitatu lachokera kwa mayi ena okhala ku Johannesburg: "Mwana wanga bambo ake ndi mzungu. Tikabwera kumudzi amamutchula mkaladi, ena mzungu. Kodi mkaladi ndi kutukwana?"

Mayi, mkaladi ndi mawu obwereka kuchokera ku Coloured, talowetsa mu gulu la mu- ndi a- ngati mmene tinachitira ndi mawu ena, ndiye pochulukitsa mumva akaladi kapena makaladi. Paokha si chitukwano, ambiri amangonena pofotokoza, koma katundu amene mawuwa asenza ndi wolemera ndipo amasiyana malo ndi malo. Komwe muliko Coloured linali gulu la m'malamulo, lamulo la Population Registration Act la 1950 linkalemba munthu aliyense mtundu wake mpaka linathetsedwa mu 1991, ndipo lero ndi dzina la anthu omwe ali ndi mbiri yawo, ambiri olankhula Afrikaans, osati mwana aliyense wa makolo a mitundu iwiri. Ndiye mwana wanuyo ku Joni akhoza kukana dzinalo ndipo akhala akulondola. Kwathu kuno nkhaniyi inavutanso atsamunda. Mu 1929 khoti lalikulu la Nyasaland linaweruza mlandu wa Suleman Abdul Karim, bambo ake mmwenye mayi ake wakuda, ndipo funso linali lakuti kodi pamaso pa lamulo ameneyu ndi mbadwa kapena ayi, khoti linati si mbadwa. Nthawi yomweyo ana a azungu obadwa kwa amayi akuda anali ndi bungwe lawo la Anglo-African Association, ndipo dzinalo likuonetsa kuti ankafuna kudziwika ndi mtundu wa abambo awo. Zonsezi wolemba mbiri Christopher J. Lee anazifotokoza m'buku lake Unreasonable Histories la 2014, ndipo ngati pali buku limodzi lomwe ndingakonde Amalawi ambiri ataliwerenga pa nkhaniyi ndi limeneli chifukwa likunena za kwathu, Zambia ndi Zimbabwe.

Chimene ndingakulangizeni nchakuti kumudziko mwanayo azitchulidwa dzina lake ndi mfunda wake. Ngati kwanu nkwa Achewa mwana ndi wa kuchikazi, ali ndi malume ake, ali ndi mbumba yomwe akuchokera, nanga mkaladi walowa pati? Mzungu ndiye ndimakaniratu, chifukwa mawuwa masiku ano sanena khungu lokha, wogulitsa pamsika amati "mzungu wanga" kwa kasitomala wakuda bii bola ali ndi ndalama, ndiye mwana akamaitanidwa choncho akuuzidwa kuti ndiwe mlendo komanso uli ndi ndalama, azibale ake omwe nkumamuona ngati bwana.

Pali wina wafunsa ngati napweri ndi Chichewa chenicheni cha alubino, ati poti alubino ndi chizungu. Inde mawuwo ndi akale ndipo mwina munawamva kwa agogo, koma ndi onyoza, chimodzimodzi mzungudala, ndipo eni ake anawakana. Nenani kuti munthu wachialubino kapena munthu wa khungu lachialubino, munthu patsogolo. Apa sindinyengerera chifukwa mawu ochotsa munthu umunthu ndi omwe amatsegula njira ya zoopsa zomwe tinaziona kuyambira chakumapeto kwa 2014, anthu kuphedwa, manda kufukulidwa, mpaka Amnesty International inatulutsa lipoti mu 2016 ndipo katswiri wa United Nations Ikponwosa Ero anabwera mdziko muno chaka chomwecho. Kalembera wa 2018 anapeza anthu achialubino opitirira 134,000. Mu 2021 a Overstone Kondowe, omwe anatsogolerapo bungwe la anthu achialubino la APAM, anasankhidwa kukhala phungu ku Nkhotakota, woyamba wachialubino mu nyumba ya malamulo yathu. Ndipo taonani mmene nkhaniyi ikuvundukulira bodza la kukondera khungu lowala, anthu omwewo amene amasilira owala khungu aja amati yellow bone pa Facebook ndi omwe amalavula malovu akakumana ndi mwana wachialubino panjira.

Tsono funso lomwe labwera kangapo, kuphatikizapo kwa aphunzitsi aja: tiwerenge chani?

Ndiyambe ndi ana chifukwa ndi komwe bala limayambira. Sulwe la Lupita Nyong'o la 2019 ndi kabuku ka zithunzi ka mtsikana wakuda kuposa onse m'banja mwake amene akufuna atawala ngati mchemwali wake, dzinalo m'Chiluo ndi nyenyezi. Muwerengereni mwana uku mukumasulira m'Chichewa, ndipo mudzaona nokha mukafika pofuna kunena kuti wowala lilime likuthamangira kwa woyera. Kwa a sekondale ndi akuluakulu, The Bluest Eye la Toni Morrison la 1970, kamtsikana kakuda ka ku Ohio kopempherera maso abuluu, koma aphunzitsi muyambe mwaliwerenga nokha chifukwa muli nkhani yogwiririra yowawa kwambiri. Lina lakale lomwe anthu amaliiwala ndi The Blacker the Berry la Wallace Thurman la 1929, limeneli ndiye likulunjika pa kusalana kwa akuda okhaokha, mtsikana Emma Lou akusalidwa ndi abale ake enieni owala khungu. Chaka chomwecho Nella Larsen anatulutsa Passing, za mkazi wowala kwambiri amene akukhala ngati mzungu mwamuna wake osadziwa.

Koma ine sindifuna muthere ku America, mbiri yawo ya ukapolo wa m'minda ndi yosiyana ndi yathu ndipo mukangowerenga zawo zokha mudzayamba kuona ngati vutoli ndi lobwera. Werengani Maru la Bessie Head la 1971, ku Botswana, mphunzitsi wamkazi wa mtundu wa Basarwa akunyozedwa ndi anthu akuda anzake ngakhale khungu lake ndi lowala kuposa lawo, buku limeneli limasokoneza maganizo onse ophweka akuti wowala ndiye amakhala pamwamba nthawi zonse. Born a Crime la Trevor Noah la 2016 ndi lopepuka kuwerenga ndipo mayi a ku Johannesburg aja ndikukupemphani muyambire pamenepa, muli malo pomwe agogo ake ankakwapula adzukulu ena onse koma iye ayi poopa khungu lake. The Book of Memory la Petina Gappah la 2015 wofotokoza nkhani ndi mkazi wachialubino ali m'ndende ya Chikurubi ku Harare. Ofuna mbiri ya mafuta aja, ndani ankapanga, ankatsatsa bwanji m'magazini, ndani anamenya nkhondo kuti aletsedwe, Beneath the Surface la Lynn M. Thomas la 2020 likunena zambiri za South Africa, komwe ma kirimu ngati Ambi omwe amayi athu ankawadziwa anatchukira. Frantz Fanon ndi Black Skin, White Masks la 1952 ndi wolimba, musayambire pamenepo, koma mutu wake woyamba ukunena za chiyankhulo, mmene munthu wakuda amadzionera kuti wakwera akamalankhula chiyankhulo cha mtsamunda bwino, ndipo aliyense amene anavalapo chikwangwani pakhosi kusukulu chifukwa cholankhula Chichewa adzamva ngati akunena za iye.

Lomaliza ndi la kalembedwe, wina akuti: "Cholondola nchiti, wakuda, wokuda kapena okuda?" Ndi wakuda, ambiri akuda. Lamulo lake nlakuti wa ndi ku zimaphatikizana kukhala wo pokhapokha tsinde la mneni likakhala ndi maphatikizo awiri kapena kuposa, ndiye wa kuyera amakhala woyera, wa kuwala wowala, wa kufiira wofiira. Koma tsinde la phatikizo limodzi ngati -da, -fa, -ba, -psa silimalola zimenezo, nchifukwa chake timati wakuda, wakufa, wakuba, chakupsa, zakudya. Ndipo munthu mmodzi ndi woyera ndi w kumayambiriro, oyera ndi ambiri kapena mmodzi amene mukumupatsa ulemu.