Mtondo wosinjira masiku

Achemwali, mwafunsa kuti m'nthano yanu ya dziko lopeka mungapange bwanji chipangizo chobweza nthawi kuti owerenga asanene kuti nzabodza. Ine ndikuti maonekedwe ake muwasiye kaye. Yambani ndi kudziwa amene akulipira chikagwira ntchito.

Chipangizo chaulere chimapha nthano. Mwana wamira mumtsinje, mayi ake apotokola kachitsulo, dzulo labwerera, mwana uja ali pakhonde akusewera. Ndiye wowerenga alirirenji? Tsamba lotsatira alitsegulirenji? Madzi akatayika saoleka, ndipo lamulo limeneli mulisunge ngakhale m'dziko lamatsenga: wakufa asadzuke. Chipangizo chanu chizifupikitsa ndi kutalikitsa nthawi, koma kubwerera m'mbuyo ayi.

Pamenepa ngakhale sayansi ili kumbali yanu. Einstein anaonetsa mu 1905 ndi mu 1915 kuti nthawi siyenda mofanana paliponse. Mawotchi a m'masetilaiti a GPS, amene amauza foni pamene tili, amatsogola a pansi pano ndi magawo 38 pa miliyoni a sekondi tsiku lililonse, ndipo akanapanda kuwakonza, mapu a pafoni bwenzi akutisocheretsa ndi makilomita pafupifupi 10 pakutha pa tsiku limodzi. Nthawi imatanuka ndithu. Koma wobwerera dzana sanaonekepo.

Tsono taganizani za mtondo. Usiku wa mwezi wathunthu amathiramo madzi, mwezi ukaonekamo amausinja ndi munsi, masiku nkulekana ngati mphale ndi gaga. Amayi amatenga lichero nkupeta masiku oipa. Mudzi wonse ukhoza kupeta Febuluwale, mwezi wa njala uja, nkudzuka dowe atakhwima m'munda. Koma gaga wopetedwa sasowa. Amauluka ndi mphepo nkukagwera mudzi wa kutsidya, ndipo kumeneko Febuluwale amabwera kawiri. Nkhokwe ilibe kanthu, mwezi watha, wayambanso.

Ndikunena izi chifukwa Febuluwale wa 2002 ndinamuona ndi maso. Ndinali kwa agogo ku Mitundu. Tinkadya nsima ya gaga kamodzi patsiku, ndipo masiku ena ngakhale gagayo kunalibe. Mayi anga anali munthu wopemphera, wosafuna kulakwira mnzake, koma mtondo umenewu ukanakhalapo ndikudziwa kuti akanasinja, akudziwa bwinobwino kuti njalayo ikagwera ana a mayi wina. Munthu woteroyo ndiye mwini nthano yanu. Si mfiti, ndi mayi wa ana anayi. Wowerenga adzalephera kumuweruza, ndipo buku sadzalisiya.

Kenaka lolani malonda alowemo, chifukwa alowa basi. Ife kuno ku Lilongwe tikudziwa mmene mavenda amagulira chimanga motchipa mu Meyi ku Nsundwe ndi ku Mitundu komweko, nkudzatigulitsa modula mu Januwale. Masiku angawachite chimodzimodzi. Mnyamata wopanda ntchito agulitsa zaka ziwiri za unyamata wake kuti alipire mankhwala a bambo ake, abwera kunyumba imvi zitatuluka. Wakatapila akubwereka masiku 10, ubweza 15. Nkhalamba yolemera siikufa, adzukulu a antchito ake ndiwo akukalamba.

Chinthu champhamvu chotere sichikhala pa aliyense, chimakhala ndi osunga. Werengani za kachisi wa mvula wa ku Msinja, kufupi ndi Dzalanyama, komwe kunali Makewana, mayi wamkulu wopempha mvula. Ng'oma yopatulika ya Mbiriwiri siinkaimbidwa ndi munthu wamba, inali ndi mwini udindo wake, Tsang'oma. Musakopere zimenezi, ndi zopatulika za anthu enieni, koma phunzirani mmene udindo unkagawidwira. Wosunga mtondo akhale wina, wogwira munsi wina, wopeta wina, kuti pasakhale mmodzi wotha kusinja yekha. Tsiku limene atatuwo adzasemphana maganizo, nkhondo ya m'buku lanu yayamba.

China chaching'ono koma chimandipweteka ndikamawerenga zolemba za anzathu m'gulu lino la olemba nthano: dziko lilibe wotchi koma anthu ake akuti "mphindi zisanu". Chichewa chili ndi nthawi yakeyake. Tambala woyamba, dzuwa lili paliwombo, dzana, mkuja, chizimalupsa, masika. Anthu anu aziwerenga choncho, ndipo mtondowo uzisinja miyezi ndi nyengo, osati masekondi.

Ndikanakhala ine, mutu woyamba sindikanauyambira kwa osinja. Ndikanauyambira kutsidya, pa mtsikana amene anadula mfundo yomaliza pachingwe chake chowerengera masiku dzulo, lero wadzuka nkupeza chingwe chili chathunthu, mng'ono wake akulira njala, ndipo kuchokera kutali mphepo ikubweretsa fungo la dowe wootcha. Mukalemba mutu umenewu muutumize muno, ndidzawerenga.