Kodi mzungu uja anaona China yeniyeni?

FUNSO: Akulu, malemu atate anga anagwirako ntchito yomanga njanji ya TAZARA pamodzi ndi Matchaina. M'sutikesi mwawo tinapezamo buku la Edgar Snow lotchedwa Red Star Over China. Likutamanda Mao, mtsogoleri wa Chikomyunizimu ku China, ndi asilikali ake kwadzaoneni. Kodi ndizikhulupirire zimenezi?
Wowerenga wa ku Chilenje, Lusaka

YANKHO: Achimwene, bukulo lisungeni bwino, koma poliwerenga khalani tcheru.

Snow anali mtolankhani wa ku America amene anafika ku China mu 1928. Chaka chotsatira anaona anthu akufa ndi njala kumpoto kwa dzikolo, ndipo zinamulowa mumtima. Mu 1936 anazemba asilikali a Chiang Kai-shek, mtsogoleri wa boma la China panthawiyo amene ankamenyana ndi Mao, n'kukafika ku tauni ya Bao'an, kumene gulu la Mao linkakhala m'mapanga litatha ulendo wake wautali wapansi wa 1934 mpaka 1935. Anakhalako miyezi pafupifupi inayi. Usiku Mao ankamusimbira za ubwana wake ndi za nkhondo, womasulira ali pambali, iye akulemba. Bukulo litatuluka ku London mu 1937, ambiri kunja kuno m'pamene anayamba kumudziwa Mao.

Zimene anaona ndi maso ake ine sindizikayikira: alimi olemedwa ndi ngongole ndi lendi ya minda, anyamata olowa usilikali ali ana, akuphunzira kuwerenga kumsasa. Koma inu mukudziwa, mlendo timamuphera nkhuku n'kumukhazika pabalaza, kuchipinda sitimulowetsa. Zimene Mao ananena anayamba waziona yekha n'kuzikonza zisanasindikizidwe. Za anzawo amene anaphedwa m'chipani chawo cha Chikomyunizimu momwemo ku chigawo cha Jiangxi zaka za m'ma 1930 zikuyamba, simupezamo zogwira mtima.

Pamene ine ndimakhumudwa naye ndi pa ulendo wa 1960. Nthawi imeneyo njala yodza ndi ndondomeko ya Mao yofuna kutukula dziko mwachangu yotchedwa Great Leap Forward inali kupha anthu mamiliyoni makumimakumi m'midzi. Snow anayendetsedwa ndi boma miyezi ingapo, n'kubwerako akulemba kuti sanaone njala yopulula anthu. Munthu yemwe uja anaiona njala ya 1929! Mu 1970 Mao anamuimika pambali pake pa Tiananmen, chipata chotchuka cha ku Beijing, chithunzi n'kuikidwa m'nyuzi ngati uthenga wopita ku America.

Choncho mukalitsiriza bukulo, funaninso zimene analemba Matchaina eniake amene anapulumuka njala ya 1959 mpaka 1961.