Kodi ntchito ya pa boyila ndi yongosonkha moto?

Mayi wina walemba kuti: "Mwana wanga wamkazi akufuna kuphunzira ntchito yoyendetsa boyila. Kodi imeneyi si yongosonkha moto, yosafuna sukulu?"

Ayi mayi, boyila ndi chithanki chachitsulo chowiritsira madzi kuti asanduke nthunzi, ndipo moto ndi gawo laling'ono la ntchitoyi. Nkhani yagona pa madzi.

Kuti kilogalamu imodzi ya madzi itenthe kuchoka pa madigiri 0 kufika pa 100, pamafunika mphamvu pafupifupi 420 kJ. Koma kuti madzi owira kalewo asanduke nthunzi pamafunika 2,257 kJ, kuposa kasanu. Nthunzi imanyamula kutentha konseko m'mapaipi, ndipo ikafika mu radiator (chipangizo chofunditsira m'nyumba) kapena pa makina ofuna kutentha, imasandukanso madzi n'kusiya kutenthako pomwepo. Kachipangizo kotchedwa steam trap kamatulutsa madziwo koma kamatsekera nthunzi, ndiye madzi amabwerera ku boyila akadali otentha. Ku New York nthunzi yakhala ikuyenda m'mapaipi apansi pa misewu kukafunditsa nyumba kuyambira 1882. Zipatala zimaphera majeremusi pa zida ndi nthunzi ya madigiri 121, mafakitale a shuga, nsalu ndi mapepala sangayende popanda iyo, ndipo m'malo ambiri opangira magetsi ndiyo imazunguza turbine, makina amene amayendetsa jenereta.

Koma boyila siifuna munthu wogona. Presha ikafika 10 bar, madzi amawira pafupifupi pa madigiri 180. Pambali pa boyila pamakhala kagalasi koonetsa pamene madzi alekeza, ndipo woyendetsa amakasuzumira pafupipafupi, chifukwa madzi akatsika mpaka machubu kukhala poyera, chitsulo chimapsa n'kufooka, boyila n'kuphulika. Madzi osasamalidwa bwino amasiyanso zoyera zolimba ngati mwala m'machubu, zomwe zimatsekereza kutentha n'kudyetsa mafuta pachabe. N'chifukwa chake amayeza madzi tsiku ndi tsiku, kuthira mankhwala, kutayako litsiro la pansi, ndi kuyesa safety valve, kachipangizo kotulutsa nthunzi presha ikakwera mopyola muyezo.

Choncho mwana wanuyo alimbikire masamu, fizikisi ndi kemisitiri, kenako akachite kosi ya zamakina kusukulu ya ntchito zamanja. Asanalipire fizi, mufunse ngati kosiyo imatumiza ophunzira kufakitale kukagwira boyila yeniyeni, komanso ngati satifiketi yake imavomerezedwa ndi boma, popeza maiko ambiri salola munthu kuyendetsa boyila yaikulu popanda chiphaso. Mumuuziretu kuti mashifiti ausiku ndi ambiri, chifukwa fakitale ikayatsa boyila siizimitsa wamba.