Kwa achimwene a kamera imodzi amene akuti achedwa

Imelo yanu, achimwene, ndaiwerenga katatu. Mukuti muli ndi zaka 44, mumajambula maukwati, mtima uli pa filimu ya zilombo ya ana, koma mukuopa kuti nthawi yakuthawani ndipo anthu akusekani.

Kusekedwako ndimakudziwa. Ine ndinamangapo tauni ya makatoni kuseri kwa nyumba. Mawindo ndinkaboola ndi lezala, mapolo a magetsi anali mapesi, nthambo zake ulusi wosokera. Milungu itatu yathunthu. Malume atafika anangoima manja kumbuyo n'kufunsa ngati munthu wandevu ngati ine ndasowa chochita. Usiku womwewo ndinaotcha zonse. Fungo la guluu wopsa uja likadali m'mphuno mwanga mpaka lero, ndipo chimandiwawa si mawu awo ayi, koma kuti machesi ndinakhwatcha ndekha.

Ndikanakhala kuti ndinamudziwa kale Eiji Tsuburaya, katswiri wopanga zilombo ndi timatauni ta m'mafilimu! Anabadwa mu 1901 ku Sukagawa, ku Japan. Ankafuna kuyendetsa ndege, koma sukulu yake inatsekedwa mphunzitsi atafa pangozi, n'kulowera ku mafilimu. Mu 1942 anamanga kadoko kakang'ono kofanana ndi Pearl Harbor, doko la asilikali a Amereka limene Japan inaphulitsa, pojambula filimu ya nkhondo, ndipo ntchito zotere zinadzamulumira: Amereka atalanda dzikolo, mu 1948 anachotsedwa ku kampani ya mafilimu ya Toho. Apatu anali wamkulu kuposa inuyo, ntchito palibe.

Godzilla, filimu ya chilombo imene anagwirapo ntchito, inatuluka mu 1954, iye ali ndi zaka 53. Ankafuna kusuntha kachidole pang'onopang'ono n'kumakajambula, monga anachitira opanga filimu ya King Kong mu 1933, koma nthawi panalibe. Basi anamuveka wosewera Haruo Nakajima chovala cha chilombo cholemera pafupifupi makilo 100 n'kumuuza aziponda tinyumba. Luso limene lero dziko lonse limagoma nalo linabadwira m'kusowa. Mu 1963 anatsegula kampani yakeyake, ndipo pulogalamu yake ya Ultraman inayamba kuonetsedwa pa TBS, wailesi ya kanema ya ku Japan, mu 1966, mwiniwake ali ndi zaka 65. Anamwalira mu 1970.

Ndiye amene amati za ana n'zachibwana, ine ndakana, ndipo sindisintha. Mkuluyu sankalola magazi kuchucha pa zilombo zake chifukwa ankadziwa kuti akuonera ndi ana. Ndi angati mwa ojambula athu amaganizira mwana wakhala pamkeka, maso tong'o pa kanema? Ambiri timangomuuza asuntheko, akulu aonere mpira.

Nanga mutani?

Musayambe ndi tauni yonse monga ndinachitira ine. Mangani msewu umodzi, tinyumba tisanu. Kamera muyiike pansi penipeni iziyang'ana m'mwamba, mujambule mafulemu ambiri pa sekondi kuti poonetsa chilombo chiziyenda mwaulemu ngati cholemera matani, ndipo muwaze phulusa losefa pamadenga kuti fumbi lizibuka chikaponda. Makatoniwo muzilowetsa m'nyumba usiku, mame amawafewetsa.